Alamu Anga a Jailosi ndi Nkhuku Yawo ya Chikhungwa

Loweruka lathali tinali kumanda, kukavundukula chiliza cha alamu anga a Jailosi. Patha chaka chiwaikireni m'manda. Abusa atatseka pemphero, anthu onse anatembenukira kwa ine. Nanga akanatembenukira kwa ndani? Kuchokera pa Lirangwe mpaka kumidzi ya kuseri kwa Chigaru, palibe maliro kapena ukwati umene ine Sandifolo ndinapemphapo chimkuzamawu. Ndikayankhula kumanda, wanjinga amene ali kumsewu amavula chipewa. Koma tsiku limenelo ndinangoti, "Anali mkamwini wathu, takhala nawo zaka zambiri, agone," basi n'kukhala pansi. Achemwali anga a Esinati, amene ndiwo namfedwa, anandiyang'ana ndi diso lofiira. Ana nawonso akhala akundifunsa kuti amalume, kodi mawu aja anathawira kuti?

Sanathawe ayi. Ndinawasunga kuti ndiwalembe, ngakhale cholembera chimandilemera kuposa khasu. Pamanda sunganene kuti womwalirayu anandilumbiritsa bodza pamaso pa anthu, iye akudziwa bwinobwino, n'kukhala chete zaka makumi awiri ndi zisanu. Koma ndi zimene anandichita a Jailosi, munthu amene ndinkawakonda kuposa mbale wanga wa bere limodzi.

Ndiyambe ndi nkhuku, chifukwa munthuyo simungamudziwe mutaisiya nkhukuyo.

A Jailosi anali Mlomwe, makolo awo anabwera wapansi kuchokera ku Mozambique kalekale. Asanakwatire achemwali anga anagwira ukhukhi kwa azungu ena amishoni a ku Amereka, cha kufupi ndi bwalo la ndege ku Chileka. Dona wa nyumbayo ndiye anawaphunzitsa kukazinga nkhuku yokutidwa ndi ufa, yotuluka m'mafuta ili ndi chikhungwa chofiirira, choti ukaluma munthu wa nyumba inayo amamva kukutu! M'kati mwake madzi chuchuchu, tsabola akukoka makutu. Donayo akuti ankanena yekha kuti luso si lake, anaphunzira kwa mayi wina wakuda amene anamulera kwawo kummwera kwa dziko lawolo. Ndiye a Jailosi ankakonda kunena kuti nkhukuyo sinabwere kudzacheza, inangobwerera kwawo. Azunguwo atapita, iwo anabwera kuno kuchikamwini ndi chiwaya chachitsulo pamutu, n'kumanga kachisakasa kuseri kwa nyumba ya achemwali. Khitchini yawo inali imeneyo, ndipo mkazi sankaphikamo.

Anali munthu wamtali, wowonda, woyenda ngati wanyamula thireyi ngakhale akupita kudimba. Zikhadabo ankawenga ndi lezala Loweruka lililonse. Mikono yawo inali mathothomathotho a zipsera za mafuta, ndipo akakondwa ankaziloza chimodzichimodzi: ichi cha Khirisimasi yakuti, ichi cha tsiku limene kunabwera alendo a donayo.

Ntchito inkayamba dzulo lake. Tambala wokalamba sankamufuna, ankati ameneyo ndi wa mumphika. Iwo ankasankha msoti wosayamba kuikira. Akaupha ankauduladula m'mfundo mwake, osaphwanya fupa, n'kuuviika m'chambiko chothira mchere, adyo wosinja ndi tsabola wa kambuzi. Ankati nkhuku yakumudzi ndi yamakani chifukwa imathamanga tsiku lonse, ndiye chambiko chimaipepesa mpaka ifewe. M'mawa mwake ankasakaniza fulawa ndi ufa wa makaka, chinangwa chouma chija cha kwawo, ndipo ankanyadira kuti zimenezi ngakhale dona sankazidziwa, kukukutika kwenikweni kuli m'makakamo. Ankathiramo kambuzi wina wouma wosinja, kenako n'kudonthezera chambiko pang'ono mu ufamo ndi kufikisa ndi zala mpaka muchite timibulu. Nthuli iliyonse ankaikanikiza mu ufawo ngati akumata khoma, n'kuisiya kaye ipume mpaka ufa ugwire.

Zimenezi tonse tinkaziona. Koma mafuta akangoyamba kutentha pambaula, ankatulutsa aliyense. Mkazi, mwana, mlamu, kaya ndi m'busa, panja! Ankati mafuta amayankhula ndipo munthu mmodzi yekha ndiye angawamve: poyamba amakalipa, kenako amacheza, pomaliza amanong'ona, ndipo akanong'ona ndi nthawi yovuula. Sankaika nthuli zopitirira zinayi m'chiwaya. Ankati nkhuku ili ngati anthu a mu minibasi ya ku Lunzu, ukawapanikiza amatuluka thukuta. Yovuula sankaiika m'mbale kapena panyuzi, koma pawaya kuti mphepo idutse pansi, ndipo wovundikira nkhuku yotentha ankamuyerekeza ndi munthu wovala jasi mu Okutobala.

Mikangano ndiye sinkasowa. Ndi achemwali ankalimbana za mafuta, chifukwa a mwezi wathunthu iwo ankawakhuthulira m'chiwaya tsiku limodzi. Anyamata a tchipisi pa Lirangwe ankawaona ngati mliri: alamuwo ankangoima pa chiwaya cha anyamatawo, kununkhiza, n'kuwauza pamaso pa makasitomala kuti mafuta anuwa anafa Lachiwiri, akwirireni. Ndi ine ndiye tinkatolana tsiku ndi tsiku.

"Alamu," ankatero, "mafuta olira kwambiri ndi amene muli madzi."

"Inu khalani chete, akamwini! Pamudzi pano munabwera ndi chiwaya basi, ngakhale mbuzi munalibe."

"Chiwayacho ndi chimene chimakudzutsani m'mawa wa Khirisimasi kudzakhala pakhonde langa ngati mwana wamasiye."

Zoona zake. Ndipo mkazi wanga atamwalira, munthu ameneyu ankabwera kwanga masana alionse kwa mwezi wathunthu ndi kambale m'manja, osanena za kulimba mtima, osanena vesi. Ankangokhala mpaka ndidye. N'chifukwa chake zinazi zimandiwawa chonchi. Akanakhala munthu woipa ndikanalavula, n'kuiwala.

Tsopano chinkhoswe cha Felesiya, mwana wawo woyamba, amene kwa ine ndi mbumba yanga. Anapeza mwamuna wa ku Mdeka, Lusiyano, ndipo ine monga malume ndinali nkhoswe wamkulu wa kuchikazi. Aliyense amadziwa kuti pa chinkhoswe nkhuku ya ankhoswe imabwera yathunthu, ankhoswe a mbali zonse n'kuikhadzula okha, kudya monga umboni kuti banjali talimanga ndife. Ndipo nthutumba, kanyama kolimba kaja kopera chakudya m'mimba mwa nkhuku, imapita kwa mlendo wamkulu. Nkhuku yopanda nthutumba si nkhuku. Ukaipereka choncho kwa mlendo ndiye kuti wamuuza kuti wina wakudyera kale, iwe landira makombo.

A Jailosi anakana zowiritsa. Anati mwana wawo sangakwatiwe ndi nkhuku yotuwa ngati wodwala malungo, anthu a ku Mdeka akalawe chimene sanachilawepo chibadwire. Akuluakulu ena anang'ung'udza kuti yoduladula si mwambo. Amene ndinawatsekera pakamwa ndine. Ndinati bola ziwalo zonse zikhalemo, nkhuku ndi nkhuku.

Dzuwa lili pamutu, anthu atadzaza pansi pa mitengo ya mango, ndinapita kukachisakasa kuja. Ndinawapeza akupukuta manja.

"Alamu, zonse zilimo?"

"Zonse."

"Nthutumba?"

"Ndati zonse, alamu."

Kudzalandira mbale kunabwera azakhali ake a Lusiyano, a Nachisale, mayi wamfupi, wofatsa, wa mvano. Anagwada, kulandira mbaleyo, n'kuzungulira nayo kuseri kwa nkhokwe kukafika pamphasa. Ulendo wosakwana kuwerenga makumi atatu.

Nkhoswe wa kuchimuna, a Kachingwe, anayang'ana mbaleyo nthawi yaitali. Nthuli zonse zinali zofanana, zovala chikhungwa, osadziwika kuti ntchafu ndi iti, chidali ndi chiti.

"Ankhoswe anzanga," anatero mwaulemu, "nkhukuyi yavala jekete. Tiidziwa bwanji kuti ndi imodzi, yonse?"

Anthu anaseka. Ine magazi anandikwera. Ndinaimirira.

"A Kachingwe, kwathu kuno sitipereka makombo! Nkhukuyi ndi yathunthu, ndipo nthutumba yanu ilimo. Ndikulumbira pali amayi anga amene agona kuseri kwa mtsinjewo. Ikapanda kupezeka, ine si Sandifolo!"

A Kachingwe sanakweze mawu. Anangosamba m'manja n'kuyamba kusenda nthuli imodziimodzi, kukutu, kukutu, zikhungwa zikugwera pamphasa. Mwendo. Phiko. Khosi. Chiwindi chinapezeka, mtima unapezeka. Atasenda yomaliza anatambasula manja.

Ndinatembenuka kuyang'ana alamu anga. Anali ataima pakona pa nyumba, manja kumbuyo. Ndinawafunsa mokuwa, anthu onse akumva, "A Jailosi, munaikamo kapena ayi?" Iwo anagwedeza mutu kuvomera. Pang'ono chabe, koma anavomera.

Ndiye mutu wanga unawerengera msanga. Wophika akuti anaikamo, pamphasa palibe, ndipo pakati pa awiriwa panadutsa munthu mmodzi, kuseri kwa nkhokwe. Ndinaloza a Nachisale ndi chala ichi.

"Mayi, pukutani pakamwa! Mwabwera kudzamanga banja kapena kudzaba nthutumba?"

Mawu angawa mukuwadziwa. Anamveka mpaka kumsewu. Mayi uja anafunda chitenje kumutu n'kuyamba kulira. Abale ake anadzuka, mabenchi kugwa. Chinkhoswe chinapulumuka chifukwa cha akulu ampingo amene anagwira anthu miyendo, ndipo ukwati unachitika ndithu, koma mabanja awiriwa sitinadyerenso mbale imodzi. Akulu ampingowo anandipempha kangapo kuti ndikapepese. Ndinkayankha kuti wakuba ndiye apepese. A Nachisale sanapondenso pa Lirangwe, ngakhale pa maliro. Ndinkamva kuti kwawo amayi anzawo anawachotsa pogawa chakudya pa misonkhano ya mpingo, ndipo ana ankawaimbira kanyimbo akamapita kuchitsime. Felesiya akapita kwa apongozi ake ankadya yekha ngati wodwala nthomba. Ine ndinkati chilungamo chimawawa. A Nachisale anamwalira zaka zisanu ndi ziwiri zapitazo, ndipo ine sindinapite.

Zaka zonsezo a Jailosi ankakazinga nkhuku, ine ndinkadya. Nkhani ija ikatuluka, ine n'kumadzitama mmene ndinamuyalutsira mayi wakuba, iwo ankangoti zakale zisiyeni alamu, tengani phiko ili. Ndinkati ndi kufatsa kwawo.

Patatsala miyezi itatu kuti amwalire, miyendo itatupa, manja akunjenjemera osatha kugwira chipande, anandiitanitsa. Anati ana a masiku ano akufuna za msangamsanga, ndipo ine makutu ndili nawo kungoti pakamwa pamawatchinga, ndiye bwerani ndikusiyireni chiwaya. Ndinasangalala ngati ndapatsidwa ng'ombe. Zaka makumi asanu ndikuthamangitsidwa pakhomo limenelo, lero ndilowe! Tinaviika msoti m'chambiko Lachisanu, ndipo Loweruka cha m'ma teni koloko ndinawanyamula ndi mpando womwe n'kuwakhazika pafupi ndi mbaula.

Anandilamula ngati wantchito. Kanikizani, osasisita. Kutumulani ufa wotsalawo. Makala achuluka, phulani awiri. Mafuta atayamba kuchita timizere, ndinatenga ntchafu kuti ndiponye.

"Iyayi, iyayi! Mupsereza chikhungwa m'kati muli magazi. Mafuta amayesedwa kaye. Ponyani nthutumba."

"Nthutumba?"

"Eya. Ikamira n'kukhala duu, mafuta sanapse. Ikavina nthawi yomweyo, apsa. Ikafiira mulawe, mumve mchere ndi tsabola. Kwa azungu zam'kati ankataya, zinali za khukhi. Ine chiyambireni sindinakazingepo nkhuku osayamba ndadya nthutumba yake."

Anazinena akumwetulira, maso ali m'chiwaya. Pakhomo pawo palibe amene akanadabwa kuisowa m'mbale, pakuti nthutumba ndi ya bambo wa nyumba. Ndinaiponya. Inavina. Ndipo ikuvina chomwecho, mawu aja anandifika.

"Simunakazingepo?"

Kumwetulira kunachoka.

"A Jailosi, ndikufunsa. Ngakhale kamodzi?"

"Ngakhale kamodzi, alamu."

Iwo anayamba kuyankhula motsitsa, akuyang'ana mapazi awo otupa. Anati dzanja linaponya lokha tsiku lija, anazindikira atameza kale. Anati nditabwera kudzafunsa anachita mantha, poti mkamwini wodya nthutumba ya ankhoswe pa chinkhoswe cha mwana wake yemwe akanakhala nyimbo ya mudzi wonse. Ankaganiza kuti pansi pa chikhungwa palibe amene akanawerenga.

"Nanga nditakufunsani pamaso pa anthu?"

"Munali mutalumbira kale pali amayi anu. Ndikanakuvulani."

"Ndiye munasankha kuvula mayi uja! Ndi pakamwa panga!"

"Chaka chilichonse ndinkati ndinena. Chaka chilichonse chinkalemera kuposa chinzake."

"Munapita ku maliro a mkazi wanga, munandidyetsa ndi manja anu, muli ndi chimenechi m'mimba?"

Anatukula mutu, kutchera khutu kuchiwaya, n'kuti, "Vuulani, alamu, ikupserera."

Ndipo ine chitsiru ndinavuula. Tinakazinga nkhuku yonse, ntchafu poyamba, mapiko pomaliza, osayankhulana china koma tembenuzani, dikirani, tsopano. Inatuluka yabwino kuposa zonse zimene ndinadyapo. Mpaka lero ndikaikumbukira m'kamwa mumadzaza malovu, ndipo ndimadzida.

Ndinawauza kuti tipite limodzi ku Mdeka, ndikawakweza pa njinga yamoto ngakhale kuwabereka kumsana, akanene okha kwa ana a malemu a Nachisale. Anati miyendo ikaphwa. Sabata yotsatira anati mvula ikadula. Kenako anandigwira dzanja kupempha kuti achemwali asamve iwo ali moyo. Ndinawasungira, monga ndakhala ndikuwasungira zonse. Anamwalira asanatchule dzina la a Nachisale ngakhale kamodzi. Anandisiyira ine, monga anandisiyira pamphasa paja.

Titachotsa masiku a maliro ndinapita ndekha. Ndinapeza mwana wawo wamkazi wa a Nachisale akupeta chimanga pabwalo, mayi wa imvi kale. Ndinavula chipewa, ndinakhala pansi padothi, ine, n'kufotokoza zonse. Sanasiye kupeta.

"Amayi ankanena tsiku lililonse kuti sanadye," anatero. "Ife tinkawakhulupirira. Amene sanawakhulupirire ndinu, ndiye musandiuze ine. Manda awo ali uko, kuseri kwa mibawa. Kawauzeni okha, mokweza, monga munawanenera muja."

Ndinapita. Ndinaima pa mtumbira wopanda chiliza, womera nsangwi, n'kunena ndi mawu anga onse kuti mayi, simunabe, wabodza ndine. Amayi ena amene ankatola nkhuni anathawa poganiza kuti ndi wamisala. Kupatula iwowo palibe anamva. Pa chinkhoswe paja panali anthu odzaza mitengo itatu ya mango.

Achemwali adzazimva ana akadzawawerengera pepalali. Adzanditukwana, ndikudziwa. Koma ndatopa kunyamula katundu wa munthu amene wagona bwinobwino pansi pa simenti yonyezimira, pamwamba patalembedwa kuti anali wokhulupirika.

Kachisakasa kaja kakadalipo. Mvula yathayi denga lake linagwera m'kati mbali imodzi, moti dzuwa limalowa n'kuwala pakhoma pamene utsi wa mafuta unadetsa bii, kusiya malo otuwa ofanana ndi msinkhu wa munthu woimirira. Pansi pamera bonongwe, wonenepa kuposa wa kudimba. Msomali umene ankakolekapo nsalu yopukutira m'manja mavu amangapo, ndipo mbuzi za achemwali zimabisalamo dzuwa likakula. Ukagwada n'kununkhiza dothi lake, kambuzi akadamveka. Achemwali andipempha katatu kuti ndifolere kachisakasako, poti pamudzi pano mwamuna wotsala ndine. Udzu ndinamweta mu Juni, mitolo isanu ndi umodzi, wabwino, wautali. Ndinausenza ndekha n'kuutsamiritsa pakhoma la kachisakasako. Uli pomwepo. Wina anadzaupempha kuti akafolere khola, ndinamukaniza. Chiswe chayamba kuudya chapansi, ndipo m'mawa uliwonse ndimadutsa pamenepo, kuuyang'ana, n'kupitirira.